Matchona Okwerera M'mitambo

Sunthirani kuno, wina akankhireko chikuni icho chiyake bwino. Nkhani iyi si ya makedzana ayi. Eni ake ali moyo, ndipo ndege imene ndikunenayi mwina munaionapo ikudutsa pamwamba pa madenga anu, yoyera, ya mzere wobiriwira m'nthitimu.

Woyendetsa wake anali mayi wina dzina lake Roda Namakhwa, wamfupi, wa mawu okhuthala, wosadziwa kuthamanga ngakhale mvula itamupeza panjira. Ntchito yake inali younyamulira zipatala za kutali mankhwala ndi magazi, n'kubwerako ndi odwala amene msewu ukanawamaliza. Anzake ankati Roda ndi ndegeyo amamvana ngati mlimi ndi khasu lake. Iye akamva zimenezo ankangoti, "M'ndege muli mfumu imodzi, ndipo mfumuyo ndi ine. Mphepo imachita kupempha."

Koma panali malo amodzi amene ankamuchititsa manyazi: bwalo la Nantchefu, kamzere ka dothi lofiira pakati pa minda ya tiyi, kuseri kwa phiri la Nsengwa. Pafupi ndi bwalolo pali chipatala cha mishoni. Nyengo ya chiperoni ikafika, nkhungu imatsika paphiripo n'kukhala m'chigwamo ngati yalipira lendi, sabata yathunthu osasuntha. Zida zakale za m'ndege zinkangomuuza Roda kuti pita kumanja kapena pita kumanzere. Za kutsika ankadzionera yekha: kutsika pang'ono, kusuzumira, kutsikanso pang'ono. Ndipo chifukwa cha phirilo, lamulo silinkamulola kufika pansi kwenikweni asanaone bwalo. Kangapo konse anazungulira pamwamba pa chipatalacho ali ndi magazi m'bokosi, anthu pansi akumva injini, iye n'kubwerera osatera. Ulendo wina mayi amene ankadikira magaziwo sanafike m'mawa.

Choncho atabwera akatswiri ndi zida zawo, Roda ndi amene anasangalala kuposa onse. Anayeza phiri, anayeza mibulugamu yaitali ya kumapeto kwa bwalo, kenako anajambula njira mumlengalenga. Njira yosaoneka ndi maso, yoyambira pamwamba pa Nsengwa, yotsetsereka pang'onopang'ono ngati thabwa lotsamiritsa pakhonde, mpaka pakamwa penipeni pa bwalo. Masatelaiti ndi amene amaigwira njirayo. Pa galasi la patsogolo pa woyendetsa pamabwera kadontho kofiirira. Kadonthoko kakakhala pakati, uli panjira. Kakatsikira pansi, uli pamwamba kwambiri. Kakakwera m'mwamba, ndiye kuti iwe wamira, njira yatsala pamwamba pako, ndipo pansi pako pali miyala.

Tsiku loyamba kuitsata njirayo kunali kowala bwino, mwezi wa Meyi. Roda anali yekha ndi makatoni a mankhwala. Atafika pamwamba pa Nsengwa, pamene njira imayambira, kadontho kanabwera pakati mwaulemu wake. Pomwepo ndege inachita ngati mmene imachitira minibasi akakwera munthu wathupi: inafwamphuka, n'kutitimira pang'ono chakumbuyo, kenako n'kukhazikika. Kadontho kanakwera pang'ono. Roda anawonjezera moto, kanabwerera pakati.

"Mphepo ya paphiri," anadziuza, ndipo anatera bwinobwino.

Woyang'anira bwalolo anali a Likhutcha, mphunzitsi wopuma ntchito, wamtali, wa imvi mbuu. Iwo ndi amene ankathamangitsa mbuzi ndege isanatere, n'kumayankha wailesi m'kanyumba ka malata. Tsiku limenelo anafika pandege akumwetulira.

"Mwatera ngati njiwa lero, Kaputeni. Nanga mwatibweretsera ndani?"

"Mankhwala okhaokha, bambo."

"Ayi, ndikunena abambo aja atsika mbali inayo. A chipewa aja, a sutikesi."

Roda anaseka. "Maso ayamba kukuthawani, a Likhutcha. Ndabwera ndekha."

A Likhutcha anatembenuka kuyang'ana kumunda wa tiyi. Kunalibe munthu. Anakanda kumutu. Potsitsa makatoni, Roda anaona kuti lamba wa mpando wakumbuyo ndi womanga. Iye anali ndi chizolowezi chomasula malamba onse n'kuwayala pamipando asananyamuke. Anaumasula, n'kuganiza kuti mwina anauiwala.

Ulendo wotsatira anali ndi Elube Kachere, namwino amene ankayenda naye kawirikawiri, mayi wokonda kucheza ndi kuimba nyimbo za kwaya. Kunali mitambo yapatalipatali. Atafika pamwamba pa Nsengwa, ndege inafwamphuka. Isanakhazikike n'komwe, inafwamphukanso kachiwiri.

Kenako m'mahedifoni munamveka chifuwa. Chifuwa chouma, chochokera pansi penipeni, cha munthu amene wakhala akutsokomola zaka zambiri.

"Achemwali, mwayamba chimfine?" anafunsa Elube.

"Ndimati ndinu."

Elube anasiya kuimba. Anatembenuka pang'onopang'ono kuyang'ana kumbuyo. Mipando inali yopanda anthu. Koma m'ndege munali mutalowa fungo, la fodya wopichira papepala losakanikirana ndi la jekete limene lakhalitsa m'bokosi. Elube sanatembenukenso mpaka anatera. Atatsika anapeza malamba awiri ali omanga, ndipo mabotolo a madzi akumwa amene anawaika kumbuyo anali opanda kanthu, zitsekerero zake zili zotseka bwinobwino.

Roda anapita nayo ndege kwa makaniko. Anaifufuza paliponse, anaiika pasikelo, anayesa zida zonse za masatelaiti. Inalibe vuto. Makaniko anangomufunsa kuti wakhala akunyamula simenti kapena chiyani, chifukwa pansi pa mipando yakumbuyo anasesapo fumbi lotuwa, losalala ngati ufa. Ku Nantchefu dothi ndi lofiira.

Nthawi imeneyo n'kuti kumudzi nkhani zitayamba kuyenda. Mayi wina wogulitsa nthochi pamphambano anati masana ena anamuimirira bambo wovala jekete lalitali, n'kumufunsa mwaulemu njira ya ku sitolo ya Mmwenye. Sitoloyo inagwa mayiyo asanabadwe. Anawerama kuti akonze nthochi zake, podzuka bamboyo palibe, ndipo mpaka lero sakumbuka kuti nkhope yake inali yotani. Wakabaza wina ananyamula munthu wa sutikesi kuchokera kubwalo la ndege, anapalasa mtunda wonse thukuta lili kamukamu chifukwa cha kulemera, atafika pamanda akale a kutsidya kwa mtsinje njinga inangopepuka. Sanayang'ane kumbuyo. Ndipo nkhalamba ina, imene mwamuna wake anapita ku Joni iyo ili ndi mwana kumbuyo, inadzuka m'mawa wina n'kufunditsa madzi, n'kukapereka kubafa, n'kugwada pakhomo kunena kuti madzi apita. Adzukulu ake anaseka. Atapita kukatenga beseni analipeza louma, pansi pali ponyowa, sopo ali ndi thovu.

Elube ndi amene anayamba kulitchula dzinalo. Anali atakhala ndi Roda ndi a Likhutcha pakhonde la kanyumba ka wailesi, akudikira ambulansi.

"Anthu akuti ndi matchona," anatero motsitsa mawu. "Aja anapita kumigodi osabwerako. Akuti abwera."

A Likhutcha anayang'ana pansi. "Pamene pali bwaloli ndi pamene ankaima malole owatenga," anatero. "Ankakwerera pansi pa mkuyu uwo. Ena anabwerako ndi njinga ndi mawailesi. Ena ngakhale kalata. Sitinawalire, poti munthu sulira maliro a amene sunamve kuti wafa."

"Ndiye zaka zonsezi anali kuti?" anafunsa Elube.

"Ndani akudziwa, mayi? Mwina anafika kalekale, koma analibe potsikira."

Roda anamwa tiyi wake mpaka kumaliza. "Ine za amene sindikuwaona sindikangana nazo," anatero. "Amanga lamba, sasokoneza, atsika pofika. Alipo amoyo ambiri amene sachita zimenezo."

Mnzake wina woyendetsa ndege anapitako kamodzi Roda ali patchuthi. Anabwerako milomo ili gwaa, n'kupempha kuti asadzamutumizenso ku Nantchefu. Sananene chifukwa. Roda sanamunyoze, koma iye mwini anapitiriza kupitako. Ankangoti akamayandikira Nsengwa, dzanja lili kale pa chowonjezera moto. Ndege ikafwamphuka kamodzi, kawiri, nthawi zina katatu, iye ankawonjezera moto, kadontho n'kubwerera pakati. Ndipo chiperoni chitayamba, njira ija inagwira ntchito imene anaijambulira. Roda ankalowa mu nkhungu pamwamba pa phiri osaona ngakhale nsonga ya phiko, n'kutsata kadonthoko mpaka dothi lofiira litatulukira patsogolo pake. Magazi ankafika. Odwala ankanyamuka. Anthu a kuchipatala anayamba kumutcha Namzeze.

Ndiye linafika tsiku lija la mu Julaye.

Lole yonyamula othyola tiyi inagubuduzika pamtsetse wa kuseri kwa fakitale. Uthenga unafika masana dzuwa litapendeka: ovulala ndi ambiri, magazi atha, mpweya wa m'masilinda watsala pang'ono. Msewu unali utaduka pamlatho. Roda ndi Elube anadzaza ndege ndi mabokosi a magazi ndi masilinda olemera, mpaka kumbuyo kunangotsala mipando inayi yopanda katundu. Ananyamuka mochedwa. Bwalo la Nantchefu lilibe magetsi, choncho Roda ankadziwa kuti mwayi ndi umodzi. Akalephera kutera, pozungulira kuti ayesenso mdima ukhala utagwa.

Chiperoni cha tsiku limenelo chinali china. Nkhungu inali yakuda ngati utsi wa matayala, mvula yowaza ikuyenda chammbali pagalasi. A Likhutcha pawailesi anati, "Kaputeni, kuno sindikuona ngakhale mkuyu. Koma bwalo ndi loyera, mbuzi ndachotsa. Anthu akufa kuno, mayi."

"Ndikubwera, bambo. Imani kutali ndi mzere."

Anafika pamwamba pa Nsengwa. Kadontho kanabwera pakati.

Ndege inafwamphuka. Kachiwiri. Kachitatu. Kachinayi. Kumbuyo kunamveka malamba akumangidwa, khethe, khethe. Roda anawonjezera moto monga mwa masiku onse.

Inafwamphukanso.

Ndiponso. Ndiponso. Sinasiye. Inali ngati basi ya pa Khirisimasi itaima pasiteji, anthu akungokwera, akungokwera. Fungo la fodya linadzaza mpaka Elube anayamba kutsokomola. Magalasi anachita nthunzi mkati ngati mwadzaza anthu opuma. M'mahedifoni simunalinso chifuwa chimodzi ayi. Zinali zifuwa zambirimbiri, ndi manong'onong'o a amuna, ndi phokoso la masutikesi akukhulana. China chake cholimba, cha ngodya, chinatsamira pa phewa la Elube kuchokera kumbuyo.

"Achemwali," anatero Elube. "Achemwali, andigunda."

"Musatembenuke. Gwirani bokosi la magazilo."

Kadontho kanayamba kukwera. Roda anakankha moto. Kanapitiriza kukwera. Anakankha mpaka chogwiriracho chinafika pothera, injini ikulira ngati ikufuna kuthyoka, koma ndege inkangomira ngati bwato lobooka. Mphuno yake inkafuna kudzuka chifukwa cha kulemera kwa kumbuyo, ndipo Roda ankaikankhira pansi ndi mphamvu zake zonse. Kadontho kanafika pamwamba penipeni pa galasi. Chida chochenjeza chinayamba kukuwa kuti pansi payandikira. Kutsogoloko, mkati mwa nkhungu, kunali mzere wotsiriza wa miyala ya Nsengwa, umene njira ija imaudumpha ndi mpata wochepa. Iwo anali pansi pa njira. Kukwera kuti athawe sikukanatheka, ndege inalibenso mphamvu yotsala.

Elube anayamba Atate Wathu.

Roda mtima unagunda, inde, poti nayenso ndi munthu. Koma chimene chinamugwira kwambiri ndi mkwiyo, mkwiyo wa mayi amene alendo amudzadzira m'nyumba osagogoda. Anatsegula sipika yolankhulira ndi okwera, imene amauzira anthu kuti amange malamba.

"Azibambo anga," anatero, mawu ali phee ngati akulankhula pamsonkhano wa mpingo. "Ndine Namakhwa, woyendetsa ndege ino. Ndikudziwa mwachokera kutali, ndipo mwadikira nthawi yaitali. Sindinakubwezenipo ngakhale tsiku limodzi. Koma lero mwandichulukira."

Manong'onong'o anachepa.

"M'mabokosi mwatsamirawo muli magazi. Pansipa lole yagwa ndi othyola tiyi. Amenewo ndi ana a ana anu. Mukandigwetsa paphiri pano, iwo afa, ine ndifa, ndipo njira imeneyi aitseka. Simudzatsikanso, ngakhale mmodzi."

Zii. Injini yokha ndi chida chija chikukuwa.

"Mipando ilipo inayi. Amene wakhala pampando akhale. Amene waimirira atsike, adikire. Ndibweranso. Ndikunena ine, ndidzakutengani nonse mpaka womaliza. Tsopano tsikani, madala. Msanga."

Palibe chinachitika. Roda anaona mdima wina ukukhuthala mu nkhungu kutsogolo, mdima umene si mtambo.

Kenako kumbuyo kwenikweni munthu wina analankhula. Mawu a nkhalamba, okhakhala, achidule, m'chinenero chosakanikirana chimene Roda sanachimve. Anamveka ngati kapitawo akuuza gulu lake. Wina anang'ung'udza. Mawu aja anabwerezanso, mokalipa.

Ndege inanyamuka pang'ono, ngati munthu watula mtolo. Inanyamukanso. Chimene chinatsamira Elube chinachoka. Inapitiriza kupepuka, kupepuka, kadontho kanayamba kutsika kuchoka pamwamba paja. Pansi pa phiko lamanzere panadutsa mutu wa mtengo, pafupi moti Elube anaona masamba ake akugwedezeka. Kenako mwala wakuda wonyowa. Kenako nkhungu yokhayokha.

Kadontho kanakhala pakati.

Roda anabweza moto pang'onopang'ono. "Zikomo, azibambo," anatero, n'kutseka sipika.

Anatsika ndi njirayo mpaka pamsinkhu wotsiriza, pamene lamulo limati ngati suona bwalo ubwerere. Pomwepo dothi lofiira linatulukira, ndi nyali ya a Likhutcha ikuyendayenda chapambali. Matayala anagunda pansi mofewa.

Anthu a kuchipatala anathamangira mabokosi. Elube anatsika, ndipo atangogwira bokosi loyamba unamwino unamubwerera, n'kuthamanga nawo. Madzulo amenewo magazi anakwanira. Mwa onse amene anafika kuchipatala akupuma, palibe anamwalira.

Pabwalo panatsala Roda ndi a Likhutcha. Mkuluyo anali ataima pafupi ndi chitseko chakumbuyo, chipewa chili m'manja, mvula ikumunyowetsa mutu. Ankayang'ana malo opanda kanthu, maso akutsatira china chake kuchoka pachitseko kupita kumunda wa tiyi. Anatero kanayi. Kenako anapumira m'mwamba n'kuvala chipewa.

"Mumawaona," anatero Roda.

"Mbuyo zokha. Nkhope sationetsa." Anayang'ana kumene kuli mkuyu. "Bambo anga anakwerera pansi pa mkuyu uwo, Kaputeni, ine ndili m'mimba. Mayi ankati bambowo ankatsimphina mwendo wamanzere, anagwa mumtengo ali mwana. Ndiye ndimayang'ana mayendedwe."

"Lero?"

"Onse anayi amayenda bwinobwino."

Roda anagona kumishoni usiku umenewo. M'mawa anauza Elube kuti lonjezo ndi lonjezo. Kuyambira pamenepo, ulendo uliwonse wa ku Nantchefu ankasiya mipando inayi yopanda katundu. Akuluakulu a kuofesi atafunsa chifukwa, anawauza kuti mphepo ya pa Nsengwa imafuna ndege yopepuka, ndipo poti palibe wina ankafuna kupitako, anamusiya. Akafika pamwamba pa phiri ankatsegula sipika n'kunena kuti, "Anayi, azibambo." Ndege inkafwamphuka kanayi, osapitirira. Sanamuchulukirenso.

Chiperoni chinatha, kunabwera dzuwa la Okutobala, kenako mvula. M'midzi yozungulira anthu anazolowera. Mabanja ena anafulula mowa n'kuchita maliro amene anachedwa zaka makumi ambiri. Ena ankangosiya chitseko chosakhoma tsiku limene amva ndege. Ndipo ulendo uliwonse a Likhutcha ankaima pachitseko chakumbuyo chipewa chili m'manja, kuyang'ana, n'kuvalanso chipewacho.

Chaka chitatembenuka, okwera anayamba kuchepa. Atatu. Awiri. Masiku ena ndege inkadutsa pa Nsengwa osafwamphuka konse. Kenako tsiku lina la mu Epulo, kuli kowala, Roda ali yekha, inafwamphuka kamodzi kokha, mopepuka, ngati wakwera ndi munthu wowonda kwambiri. Lamba anamangidwa mochedwa, ngati manja ake akuvutika kupeza pobaya. Roda anadziwa mumtima kuti uyu ndiye womaliza.

Atatera anazimitsa injini n'kukatsegula chitseko chakumbuyo. A Likhutcha anavula chipewa. Anadikira.

Palibe anatsika. Lamba anali womangabe, mpando uli wolowa pakati ngati pakhala munthu.

"Tafika, bambo," anatero Roda. "Kuno ndi ku Nantchefu."

Chifuwa chinamveka, chapansipansi. Lamba sanamasuke.

A Likhutcha anasendera pafupi. Anasuzumira m'ndegemo n'kuitana dzina limene mwina anali asanaliitanepo mokweza moyo wawo wonse.

"A Jemusi? A Jemusi Likhutcha?"

Chete. Mphepo inagwedeza tiyi. Kutali wina ankadula nkhuni.

"Ndine mwana wanu. Wa Abiti Saidi. Munandisiya m'mimba."

Chete yemweyo. Kenako m'ndegemo munatuluka mawu, otsika ngati mphepo yodutsa pansi pa chitseko. Anatchula dzina la mudzi. Analitchula mofunsa.

A Likhutcha anaweramitsa mutu nthawi yaitali. Atadzuka, maso anali ofiira, koma mawu anali okhazikika.

"Si iwowo, Kaputeni," anatero. "Awa akufunsa kwa Mpholiwa. Mudzi umenewo unasamutsidwa ine ndili mnyamata. Pamene unali ndi pomwe pali tiyi uyu. Anthu ake anabalalika, ena ku Mozambiki, ena sindikudziwa. Manda ake omwe anawalima."

"Ndiye apita kuti?"

"Alibe kopita. N'chifukwa chake amapatsa anzawo mpata mpaka atsala okha."

Roda anayang'ana mpandowo. Kuwatsitsa mokakamiza sakanatha. Kubwerera nawo kumwamba kuja sakanathanso.

"Paphiri paja satsalanso wina?" anafunsa a Likhutcha, osamuyang'ana.

"Sindikukhulupirira, bambo. Pepani."

Mkuluyo anagwedeza mutu pang'onopang'ono, ngati munthu amene wamva zimene ankazidziwa kale. Anapukuta kumaso ndi chipewa. Kenako anawerama pachitseko, anaomba m'manja katatu mwaulemu wa kwa akuluakulu.

"Bambo," anatero, "kwanu kulibe, ndipo anga sanabwere. Ine ndili ndi nyumba kuseri kwa tchalitchi uko. Chipinda chilipo, chakhala chikudikira munthu wochokera ku Joni chimangire nyumbayo. Amene mwabwera ndinu. Tiyeni kwathu."

Kenako lamba anati khethe, n'kugwera pambali. Mpando unadzuka pang'onopang'ono. Ndege inagwedezeka pang'ono pamiyendo yake, n'kuima mowongoka.

"Ndikulandireni katunduyo," anatero a Likhutcha, n'kutambasula dzanja. Phewa lawo lamanja linatsika.

Roda anaima pansi pa phiko n'kumawayang'ana akupita. Anadutsa pa mkuyu, n'kulowa mu kanjira kofiira kokwera kutchalitchi. A Likhutcha ankayenda m'mphepete mwa njira, kusiya pakati popanda munthu, thupi litapendekera mbali imodzi. Ankayenda pang'onopang'ono, n'kumaima kudikira. Pena ankaloza ndi dzanja lamanzere, uku sukulu, uku chigayo, uku kumene kunali dambo, monga mmene umachitira ndi mlendo amene wapeza dziko litasintha. Atafika pokhota anasinthira katunduyo kudzanja lina, n'kuzimirira kuseri kwa mibulugamu.

Roda anatseka chitseko, anakwera, analiza injini.

Mpaka lero amapitabe ku Nantchefu, chiperoni kaya dzuwa, ndipo pa Nsengwa ndege imadutsa mosalala. A Likhutcha anakalamba kwambiri, ntchito ya pabwalo anasiyira wina. Koma oyandikana nawo amati madzulo pakhonde pawo pamakhala mipando iwiri, ndipo mkuluyo amacheza mpaka dzuwa kulowa, kufunsa mafunso, kudikira, kenako n'kuseka.

Yanga yathera pamenepa. Moto wazilala, ndipo amene akupita kutsidya apite awiriawiri.